Kapeti ya akasinja yomwe ndinagula pa Chitakale

Patha miyezi khumi chigulireni kapeti ya ku Afghanistan m'shopu ina yogulitsa katundu wakale pa Chitakale, ndipo ndachedwa dala kulemba maganizo anga chifukwa kuno ku Mulanje chinthu choyala pansi sitichiyamikira tsiku logula. Chiyenera chiyambe chadutsa m'chiperoni cha mu Juni ndi Julayi, pamene nkhungu imatsika m'phiri n'kulowa mpaka kuchipinda, kenako chipirire matope a m'dzinja, ndipo pamenepo m'pamene munthu angauze anzake ngati ndalama yake inapita pabwino. Kapetiyi yadutsa monsemo. Komabe sindingaiweruze ngati mkeka wamba, popeza amene anailuka analukiramo nkhondo ya dziko lake, ndipo wogula amalipira ubweya ndi nkhaniyo pamodzi.

Shopuyo imagula mipando, mafiriji, mabedi ndi ziwiya kwa mabanja omwe akusamuka m'maesiteti a tiyi, n'kumagulitsanso kwa ife. Ine ndinapitako kukafuna shelefu ya mabuku. Kapetiyo inali itapindidwa pamwamba pa kabati, ndipo chomwe chinandikoka maso ndi ngodya imodzi yomwe inalendewera, pomwe panaoneka chinthu chonga helikoputa. Mwini shopuyo, bambo ansangala amene amadziwa kuti ndinaphunzitsa mbiri yakale kusekondale zaka zambiri ndisanapume, anaitsitsa n'kuiyala pakhonde.

"Aphunzitsi, iyi ndi ya ku Russia yeniyeni, onani akasinjawa," anatero. "Ndipo anthu ake ngaulemu, mbendera yathu ya Malawi anaiikapo pakona apa."

Ndinawayankha kuti, "Achimwene, akasinjawo ndi a ku Russia ndithu, koma kapetiyi yachokera kwa anthu amene akasinjawo anawapondereza, ndipo mbenderayo si yathu." Iwo anaseka, n'kunena kuti ophunzira sasowa chonena. Anatchula mtengo wa K160,000, tinanenerera kwa kanthawi, ndipo tinagwirizana K120,000 kuphatikizapo kundifikitsira kunyumba pa njinga yamoto. Shelefu ija sindinagule.

Ndiyambe ndi zomwe manja angakhudze. Kapetiyi ndi ya masentimita 150 m'litali ndi 90 m'lifupi, choncho siingadzaze balaza. Imangokwanira pakati pa mipando iwiri. Ndi yolukidwa pamanja, ndipo umboni wake uli kunsi. Mukaitembenuza, chithunzi chonse chimaoneka bwino lomwe, mfundo iliyonse payokha, pamene makapeti a pamakina omwe timagula ku Limbe kunsi kwake kumakhala chiguduli kapena pulasitiki yomatidwa ndi guluu. Mphonje za kumapeto sizinachite kusokereredwa, koma ndi ulusi womwewo umene wayenda m'litali mwa kapeti yonse. Ndinatenga lula n'kuwerenga mfundo, ndipo pa masentimita 10 ndinapeza 35 chopingasa ndi 40 chotsika, zomwe zikutanthauza kuti kapeti yonse ili ndi mfundo pafupifupi 190,000, iliyonse yomangidwa ndi zala n'kudulidwa ndi kampeni. Kwa odziwa makapeti imeneyi ndi ntchito yapakatikati, osati yapamwamba, koma aliyense amene anaonapo agogo akuluka mkeka angathe kuganizira masabata omwe munthu anakhala chogwada pamalo amodzi kuti aimalize. Ndinazula kaubweya kunsi n'kukayatsa ndi machesi. Kananunkha ngati tsitsi lopserera n'kusanduka phulusa lofumbutuka, sikanasungunuke ngati nayiloni, choncho ndi ubweya wa nkhosa weniweni. Mbali imodzi ndi yotambasuka kuposa inzake ndi zala ziwiri, ndipo mtundu wabuluu wa pansi pa chithunzi umasintha pang'ono chapakati, pomwe woluka anayamba mtolo wina wa ulusi womwe unanyikidwa mu utoto tsiku lina. Zimenezi ine sindiziwerengera ngati zilema.

Pakati pa kapetiyi pali mapu a Afghanistan, zigawo zake zitapatsidwa mitundu yosiyanasiyana, ndipo kamchira ka Wakhan kamene kamakagunda malire a China kakuoneka bwino. Kuchokera chapakati pa mapuwo, mzere wa akasinja asanu ndi awiri ukukwera kulowera kumpoto, mizinga yawo italoza komwe akupita. Pamwamba pali zilembo za USSR, chidule cha dzina la Soviet Union, mgwirizano wa maiko womwe Russia inkatsogolera, ndi chaka cha 1989, koma 9 womaliza anatembenuka monga amalembera mwana wa Sitandade 1. Zilankhulo zazikulu za kumeneko, Dari ndi Pashto, zimalembedwa ndi zilembo zochokera ku Chiarabu, ndiye woluka ankangokopera maonekedwe a chinthu chomwe sankachiwerenga. M'mbali muli mahelikoputa awiri ndi mfuti zinayi za AK-47. M'mphepete monse, momwe makapeti akale a dzikolo amakhala ndi maluwa ndi masamba, muli mabomba oponya ndi manja osanjidwa mwaluso, moti mlamu wanga atawaona koyamba anati ndi zinanazi za kwathu kuno.

Makapeti amtunduwu anayamba kulukidwa asilikali a Soviet Union atalowa m'dzikomo, makamaka pakati pa anthu a mtundu wa Baluch ndi Turkmen, m'madera ozungulira Herat ndiponso m'misasa ya othawa nkhondo ku Pakistan ndi ku Iran. Yanga ikuonetsa tsiku lotuluka. Pa 15 Febuluwale 1989 gulu lomaliza la asilikaliwo linaoloka mlatho wa pa mtsinje wa Amu Darya kulowa mumzinda wa Termez ku Uzbekistan, dziko lomwe panthawiyo linali mbali ya Soviet Union, motsogozedwa ndi mkulu wawo Boris Gromov, potsatira pangano lomwe linasainidwa ku Geneva mu Epulo 1988. Anali atakhalamo zaka zisanu ndi zinayi ndi masabata angapo, ndipo panthawi yomwe anachuluka kwambiri analipo oposa 100,000. Asilikali a Soviet pafupifupi 15,000 anafera kumeneko. Aafuganistani omwe anafa amawerengedwa kuti anali pafupifupi miliyoni imodzi, ndipo oposa mamiliyoni asanu anathawira kunja, m'dziko lomwe panthawiyo linali ndi anthu pafupifupi mamiliyoni 15. Kunena kwina, pa anthu atatu alionse mmodzi anasiya dziko lake.

Woluka sanaike akasinja ake paliponse. Mzerewo ukutsata msewu weniweni, wochoka ku Kabul kudutsa m'mapiri a Hindu Kush pa Salang, pomwe pali msewu woboola phiri umene akatswiri a Soviet Union anamanga n'kutsegulidwa mu 1964 ngati thandizo la chitukuko. Msewu womwe unabwera ngati mphatso ndi womwewo umene unadzanyamula akasinja patapita zaka khumi ndi zisanu, ndipo chifukwa katundu wambiri wa asilikali ankadutsa pamenepo, zigawenga za Ahmad Shah Massoud za m'chigwa cha Panjshir zinkaubisalira mosalekeza. Mahelikoputa nawo analukidwa mosamala kuposa china chilichonse pa kapetiyi, timapiko tawo ta m'mbali tili pomwepo ndi mizinga yolendewera, ndipo akufanana ndi a mtundu wa Mi-24 omwe anthu a m'midzi ankawaopa koposa. Asilikali a Soviet ankalamulira mizinda ndi misewu ikuluikulu, koma midzi inali m'manja mwa amujahidini, magulu achisilamu omwe ankamenyana ndi boma la Kabul ndi asilikali a Soviet, choncho njira yomwe anasankha inali yophulitsa midziyo, kupha ziweto, kuwononga ngalande zothirira minda ndi kumwaza kuchokera m'mwamba timabomba ta pulasitiki tonga agulugufe, tomwe tinadula manja ndi miyendo ya ana ambiri. Mahelikoputawo anayamba kuuluka mwamantha mu 1986, pamene dziko la America linayamba kupatsa amujahidini mizinga ya Stinger yonyamula paphewa, kudzera mwa akazitape a Pakistan, pomwe Saudi Arabia inkathirapo ndalama zake.

Mpaka pamenepa kapetiyi ikunena zoona. Dandaulo langa lalikulu ndi lakuti ikunena theka la zoonazo. Woiyang'ana amatenga phunziro lakuti tsoka linatsika kuchokera kumpoto mu Disembala 1979 n'kubwerera kumpoto komweko mu 1989, ngati dzombe. Koma magazi anali atayamba kukhetsedwa miyezi makumi awiri mlendo asanaoloke mtsinje, ndipo amene ankawakhetsa anali eni nthaka.

Mfumu Zahir Shah inalamulira zaka makumi anayi mpaka mu Julayi 1973, pamene msuweni wake Mohammad Daoud Khan analanda boma n'kuthetsa ufumu. Chipani cha chikomyunizimu chotchedwa PDPA, chomwe chinakhazikitsidwa mu 1965, chinali chaching'ono, cha aphunzitsi, ophunzira ndi asilikali a m'tauni, ndipo chinali chogawikana m'magulu awiri odana kwambiri, Khalq ndi Parcham. Pa 27 Epulo 1978 asilikali ogwirizana ndi chipanichi anaukira nyumba ya boma ku Kabul ndi akasinja ndi ndege, Daoud anaphedwa pamodzi ndi ambiri a m'banja lake, ndipo Nur Muhammad Taraki wa gulu la Khalq anakhala mtsogoleri. Pasanathe miyezi itatu, akuluakulu a Parcham, kuphatikizapo Babrak Karmal, anatumizidwa kunja ngati akazembe kuti achoke pamaso.

Kenako kunabwera malamulo omwe papepala amaoneka ngati mankhwala. Lamulo la nambala 6 linafafaniza kapena kuchepetsa ngongole za alimi osauka kwa eni malo ndi akatapila. La nambala 7 linachepetsa malowolo kufika pa ndalama yochepa ya ma afghani 300, ndipo linaletsa kukwatiwitsa mtsikana wosafika zaka 16 ndi kukwatitsa mnyamata wosafika zaka 18. La nambala 8, la mu Novembala 1978, linati banja lisakhale ndi malo achonde oposa mahekitala asanu ndi limodzi, ndipo otsalawo alandidwe popanda chipukuta misozi n'kugawidwa kwa opanda malo. Pamene ndinkaphunzitsa, ndikafika pa lamulo lachitatuli ana ankaomba m'manja, ndipo sindinkawadzudzula. Mwana wa ku Mulanje kapena ku Thyolo amene amadzuka n'kuona tiyi kuyambira pakhomo mpaka pomwe maso alekezera, pamene makolo ake akulima kamunda konga bwalo la nyumba ndipo agogo ake amasimba za thangata, safunika kumufotokozera kuti njala ya malo n'chiyani. Koma ndinkawauza kuti adikire kaye amve zomwe zinatsatira. Mlimi anapatsidwa chikalata cha munda, koma madzi othirira, mbewu, ng'ombe zolimira ndi ngongole ya pa nthawi ya njala zonse zinkachokera kwa mwini malo yemwe uja, ndipo boma silinakonze china cholowa m'malo mwake. Ambiri ankakhulupiriranso kuti kulima munda wolandidwa kwa mnzako ndi tchimo pamaso pa Mulungu. Anyamata a chipani ochokera ku Kabul ankafika m'mudzi ndi mfuti n'kulamula kuti amayi atuluke akaphunzire kuwerenga pamaso pa amuna achilendo, osayamba apempha mafumu kapena atsogoleri a mizikiti. Cholinga chophunzitsa amayi chinali chabwino, koma kachitidwe kake kanali konyoza. Amene anatsutsa, kaya ndi shehe, mfumu, mphunzitsi, msilikali kapena mnzawo wa chipani chomwecho, ankatengedwa usiku kupita ku ndende ya Pul-e-Charkhi kunja kwa Kabul, ndipo ambiri sanabwerenso. Mu 2013 oimira boma pa milandu ku Netherlands anatulutsa mndandanda wa mayina pafupifupi 5,000 a anthu omwe anaphedwa mu 1978 ndi 1979, ndipo mabanja ena m'pamene anadziwa komwe abale awo anathera, patatha zaka zoposa makumi atatu.

Pa zonsezi kapeti yanga ilibe mfundo ngakhale imodzi. Ndikumvetsa kuti kasinja n'ngosavuta kuluka kusiyana ndi lamulo kapena chitseko chogogodedwa pakati pa usiku, ndiponso kuti chithunzi cha mlendo akuthawa chimagulika msanga kusiyana ndi chithunzi cha m'bale akupha m'bale wake. Alipo makapeti ena a nthawi yomweyo omwe anayesako, oonetsa Najibullah, mtsogoleri wa boma la Kabul kuyambira 1986, ngati kachidole kogwiridwa ndi dzanja lotsika kuchokera ku Soviet Union, ndipo ndikanapeza yotero ndikanaikonda koposa.

Chokhacho chomwe chikulozako ku boma la Kabul ndi kambendera kaja komwe mwini shopu ankati n'kathu. Kali ndi mizere itatu yopingasa, wakuda pamwamba, wofiira pakati ndi wobiriwira pansi, ndipo sindikuwanena bambowo, chifukwa pangosowa dzuwa lotuluka kuti ikhale yathu. Mitundu itatuyi ndi yakale ku Afghanistan. Mu Okutobala 1978 boma la Taraki linaichotsa n'kukweza mbendera yofiira yonse yofanana ndi za maiko a chikomyunizimu, ndipo kwa anthu a m'midzi, makamaka poona kuti mtundu wobiriwira wa Chisilamu wachotsedwa, chimenecho chinali chizindikiro chakuti olamulawo alibe nawo ntchito Mulungu. Ife amene tinaona mkangano wa mbendera yathu itasinthidwa mu 2010 n'kubwezeretsedwa mu 2012 tikudziwa kuti kansalu kamatha kuwawa mumtima. Amene anabwezeretsa mitundu itatuyo mu 1980 ndi Karmal, pofuna kuziziritsa mitima, koma anali atabwera kale pambuyo pa akasinja achilendo ndipo palibe anamukhulupirira.

Mmene akasinjawo anabwerera ndi nkhani yomwe wogula ayenera kuidziwa, chifukwa imasintha kaonedwe ka chithunzi chonse. Mu Malichi 1979 mzinda wa Herat unaukira, asilikali a boma a kumeneko anagwirizana ndi anthu, ndipo boma linawagonjetsa ndi ndege, anthu zikwizikwi n'kufa. Taraki anapempha Moscow kuti itumize asilikali, koma atsogoleri a Soviet Union anakana, poona kuti akakamenyana ndi anthu wamba. Mu Seputembala chaka chomwecho wachiwiri wake, Hafizullah Amin, anamulanda mpando, ndipo patapita masabata ochepa Taraki anaphedwa. Moscow sinamukhulupirire Amin, ndipo inaopa kuti boma la chikomyunizimu la pamalire pake ligwa kapena litembenukira ku America. Asilikali anayamba kulowa m'masiku a Khirisimasi, ndipo pa 27 Disembala 1979 gulu lapadera la Soviet linathyola nyumba yachifumu ya Tajbeg n'kupha Amin, munthu yemwe ankaganiza kuti alendowo abwera kudzamuteteza. Karmal anaikidwa pampando. Mu 1986 anachotsedwa, ndipo m'malo mwake munalowa Najibullah, yemwe kale ankatsogolera apolisi achinsinsi a KHAD, odziwika ndi kuzunza akaidi.

Chaka cha 1989 chomwe chalukidwa pamwamba pa kapetiyi chimaoneka ngati mapeto, koma sichinali. Boma la Najibullah linakhalapobe zaka zina zitatu, mpaka Soviet Union itatha mu Disembala 1991 ndipo mafuta ndi zida zitasiya kubwera. Linagwa mu Epulo 1992. Magulu a amujahidini omwe anapambana anatembenukirana okhaokha n'kugumula Kabul, mzinda womwe nkhondo ya alendo inali itausiya uli chiimire. A Taliban analanda mzindawo mu Seputembala 1996 n'kupha Najibullah, yemwe ankabisala m'nyumba ya bungwe la United Nations. Mu Okutobala 2001 kunabwera asilikali a America ndi anzawo, ndipo anatuluka mu Ogasiti 2021 a Taliban atalowanso mu Kabul. Oluka sanaleke; makapeti a m'zaka zimenezo ali ndi nsanja ziwiri za ku New York zomwe zigawenga zinagwetsa mu Seputembala 2001, ndiponso ndege zopanda oyendetsa.

Mbiri imeneyi ikukhudzanso mtengo. Chithunzi cha akasinja otuluka chakhala chikukoperedwa kwa zaka zambiri kuti chigulitsidwe kwa alendo, makamaka asilikali ndi ogwira ntchito m'mabungwe omwe anadzaza Kabul itadutsa 2001. Mwini shopu ankafuna kuti ndikhulupirire kuti kapetiyi inalukidwa mu 1989 momwemo, koma ubweya wake sunaperepeseke paliponse, mphonje zake n'zathunthu, ndipo mitundu yake yofiira ndi yachikasu ndi yowala mwa utoto wa m'fakitale. Ndi ya m'zaka za pambuyo pake. Wina akakuuzani kuti mulipire zambiri chifukwa cha chaka cholembedwapo, kumbukirani kuti chakacho ndi gawo la chithunzi, si tsiku lolukira.

Chiweruzo chomwe chinandigwira mtima sichinachokere m'mabuku anga. Tili ndi mnansi, mayi achikulire amene anabadwira ku Milange ndipo anaoloka pa Muloza m'zaka za m'ma 1980, nthawi yomwe dziko lathu linalandira othawa nkhondo a ku Mozambique pafupifupi miliyoni imodzi, n'kudzakwatiwa konkuno. Tsiku lina anabwera kudzacheza ndi mayi a kunyumba, anavula patapata pakhomo monga mwa nthawi zonse, koma atafika m'mphepete mwa kapetiyo anaima. Anawerama n'kuyendetsa chala pa mfuti imodzi, kuyambira kuthako kwake mpaka pa chosungira zipolopolo chokhota chija, ndipo sanalankhule kwa kanthawi.

"Aphunzitsi, zinthu izi mwaziyala pansi kuti adzukulu azikwawapo?" anafunsa. Ndinayamba kufotokoza za Afghanistan, koma anandidula mwaulemu. "Zimenezo ndamva, bambo. Nanga anthu ake ali kuti? Ndikuona zitsulo zokhazokha."

Ndinawauza kuti oluka ambiri achisilamu amapewa kuika zithunzi za anthu pa makapeti, ndipo zimenezo n'zoona, koma yankholo silinawakhutiritse, ndipo ine ndemwe silinandikhutiritse. Anati kwawo ankathawa mbali zonse ziwiri: a boma omwe ankawasamutsira m'midzi ya pamodzi kutali ndi minda ndi manda a makolo awo, ndi a m'tchire omwe ankabwera usiku kudzatenga chimanga ndi anyamata. Anazungulira kapetiyo osaiponda, n'kukakhala pa mkeka kukhitchini. Kuyambira tsiku limenelo mayi a kunyumba anayamba kunena kuti pabalaza si malo ake, ndipo iwo ndi amene anapambana.

Isanachoke pabalazapo inali itatiphunzitsa zokwanira za mmene imakhalira m'nyengo yathu. M'chiperoni ndi yofunda kumapazi kuposa chilichonse chomwe ndinayalapo, ndipo m'mawa wa mu Julayi munthu safuna kuchokapo. Koma ubweya umamwa chinyezi, ndipo nkhungu ikakhala masiku atatu kapetiyi imatulutsa fungo la nkhosa yonyowa lomwe mlendo amalimva ali pakhomo. Simenti ya nyumba zathu imachita thukuta, ndipo patatha masabata atatu ndinapeza nguwi kunsi kwake. Tinathana nazo poyala mkeka pansi pake ndi kuiyanika pamthunzi pomwe pali mphepo kamodzi pa sabata. Padzuwa lamphamvu mitundu ingasuluke. Matope ofiira a m'dzinja sanativute, chifukwa mukawasiya aume amachoka ndi tsache lofewa, bola muzisesa motsata komwe ubweya wagonera. Pa simenti yopaka polishi imaterera, ndipo pakhomo pomwe pali okalamba chimenechi si chinthu chochipeputsa.

Cholakwika chenicheni cha kapangidwe kake ndi utoto wofiira. Mdzukulu wanga anatayirapo tiyi wotentha, mayi a kunyumba anathamangira kupukuta ndi nsalu yonyowa, ndipo kufiira kwa chigawo chimodzi cha mapu kunayenderera n'kulowa m'chigawo choyera choyandikana nacho, moti malire a zigawo ziwirizo anafafanizika mpaka lero. Ndikanadziwa, ndikanayesa m'shopu momwemo popaka kansalu koyera konyowa pa mtundu uliwonse, ndipo ndikulangiza aliyense kuti achite zimenezo asanatulutse ndalama. Kuichapa ndi sopo waufa ndi madzi ambiri monga timachapira bulangete kungaiwonongeretu. Njenjete nazo zimakonda ubweya, choncho siyofunika kuipinda n'kuiiwala m'kabati.

Za shopuyo ndinganene zabwino zingapo. Anandilola kuitembenuza, kuiyeza ndi kuzula kaubweya popanda kundithamangitsa, mtengo unali wokambirana, ndipo katundu anafika kunyumba tsiku lomwelo dzuwa lisanalowe. Zomwe sizinandisangalatse ndi zakuti lisiti anandilembera nditachita kuumirira, anandiuziratu kuti katundu akatuluka sabwerera, ndipo kapetiyo anaisunga chopinda m'malo moikulunga, moti mzere wa popindapo unatenga miyezi iwiri kuti uthe. Chachikulu n'chakuti sankadziwa chomwe akugulitsa. Sindikuganiza kuti ankanama dala, koma wogula wosadziwa akanatuluka akukhulupirira kuti wanyamula kapeti ya ku Russia ya zaka zoposa makumi atatu yokhala ndi mbendera ya Malawi, zinthu zitatu zomwe palibe choona ngakhale chimodzi. Nditabwererako mwezi watha n'kuwafotokozera bwinobwino, anamvetsera mwachidwi, kenako anafunsa ngati nkhaniyo ingakweze mtengo ikadzapezeka ina.

Pa K120,000, ntchito ya manja yochuluka chotere ndi ubweya weniweni sindikuona kuti ndinabetsa, ngakhale kuti ndalama yomweyo ikanandigulira kapeti ya pamakina yokulirapo ndiponso yosavuta kusamala. Amene akufuna choyala pabalaza pomwe ana amadyera ndi kusewera asagule yotere, chifukwa utoto wake sukhululuka ndipo chithunzi chake si cha aliyense. Amene angapindule nayo ndi mphunzitsi, wokonda mbiri, kapena wosunga ntchito zamanja, malinga akhale wokonzeka kuwonjezera ndi pakamwa zomwe woluka anasiya.

Yanga tsopano ili pakhoma m'kachipinda komwe ndimawerengera, yolendewera pa nsungwi, patali pang'ono ndi khomalo kuti mphepo izidutsa kumbuyo. Mphunzitsi wina wachinyamata amene ndinamuphunzitsa kale anadzaibwereka sabata yatha kuti akaonetse ana a Fomu 4 pa phunziro la mkangano wa America ndi Soviet Union. Ndinamubwereka, koma ndinamupempha kuti asaitambasule msanga: ayambe walemba pa bolodi 27 Epulo 1978 ndi malamulo atatu aja, ndipo akasinjawo awaonetse ana akamaliza kukangana za malo. Anaibweza Lachisanu itakulungidwa bwino, ili ndi fumbi la choko m'mphonje. Pabalaza tinabwezerapo mkeka wakale, ndipo mnansi wathu uja anayambiranso kukhala pamenepo.